Ndinalira Maliro a Mwana Wamoyo

Ana anga, za ubwana wanga ku Chikweo ndizilumpha, poti agogo anu anakuuzani kale, zina mowonjezera. Ndiyambira pa ntchito yanga yoyamba. Mwakhala mukundifunsa kuti zinatheka bwanji kuti ine, munthu amene ndakalambira pa masewero a pa wailesi, mawu anga simunawamvepo m'wailesimo. Ndafukula makope anga akale, aja ndinkalembamo za tsiku ndi tsiku kuyambira ndili pa sukulu, kuti ndikuyankheni moona. Pamene kope likutsutsana ndi mutu wanga, ndatsata kope.

Balaka, 1976

Sukulu ndinalekezera Fomu 2. Ndinali mtsikana wamanyazi moti mphunzitsi akandiloza ndinkayankha nditayang'ana desiki. Koma kulemba kokha ndinkatha, ndipo dzanja langalo ndi limene linandipezera ntchito. Aphunzitsi athu a Chichewa anandilembera kalata yopita kwa a Makwinja, amene ankayendetsa kaofesi kophunzitsa anthu zaumoyo kuseri kwa masitolo, pafupi ndi siteshoni ya sitima. Kaofesiko kankapanga timasewero tifupitifupi tonena za zimbudzi, madzi akumwa ndi katemera. Tinkatijambula pa tepi n'kutumiza ku Blantyre kuti tikaulutsidwe.

Tsiku loyamba a Makwinja anandiloza chitseko chachiwiri. "Ukalowe umo, ukapereke moni kwa Che Mawu. Usathawe." Nditagogoda ndinamva mawu a nkhalamba yachikazi akuti, "Lowani, mwanangu." Kenako mwana anaseka, galu n'kuuwa. Nditatsegula ndinapeza mzungu mmodzi yekha, wamtali, wa zaka ngati makumi asanu, atakhala pa mpando akusenda nthochi. Ndinasuzumira kunsi kwa tebulo kufunafuna galuyo. Mzunguyo anaseka mpaka kutsamwa, ine n'kuyamba kulira. Umu ndi mmene ndinadziwira a Rolandi a ku Canada, amene anthu a ku Balaka ankawatcha Che Mawu.

Mbiri yawo ndinaitola pang'onopang'ono, ndipo mpaka lero sindikudziwa ngati ndinailumikiza bwino. Anabadwira m'katauni kocheka matabwa. Bambo awo ankafuna kuti nawonso azicheka matabwa, koma iwo anathawira mumzinda n'kuyamba kusesa m'nyumba yochitiramo masewero. Atayamba kupatsidwa mbali, ankakhala wantchito wotsegula chitseko, kapena msilikali wofa sewero likungoyamba. "Nkhope yanga sankaifuna," ankatero, "koma pakhosi panga ankapafuna." Choncho analowa ku wailesi, kenako ku zithunzi zoseketsa ana za pa kanema, kumene kwa zaka khumi ndi chimodzi ankalankhula ngati chimbalangondo. Madzulo akaweruka ankalemba masewero awoawo. Analemba asanu ndi limodzi, koma awiri okha ndi amene anaonetsedwa, ndipo limodzi mwa awiriwo anthu ankatuluka lili pakati. Akazi awo anawasiya n'kutenga mwana wawo mmodzi yekhayo, Koleti. Atatopa ndi chimbalangondo chija anamva kuti kuno kukufunika munthu wodziwa kulemba masewero a pa wailesi, n'kubwera. Pa bwalo la ndege anawameta tsitsi lawo lalitali, poti lamulo silinkalola, ndipo chaka chonse ankangodzisisita m'khosi ngati ataya kanthu.

M'kope langa la sabata imeneyo ndinalemba kuti: "Akuti kwawo ana onse amawadziwa, koma ngati chimbalangondo, ndipo akakumana nawo pamsewu sawapatsa moni. Akutinso ankalipidwa. Munthu wamkulu chonchi. Kapena andinamiza? Koma maso awo sanali oseka."

Chichewa ankachitengera m'khutu. Ankatha kulankhula ndendende ngati mayi wogulitsa zitumbuwa pa siteshoni, koma osadziwa tanthauzo la theka la mawuwo. Aliyense ankamutchula kuti "inu," ngakhale nkhuku. Ntchito yanga inali kutenga zimene alemba m'Chingerezi n'kuziika m'Chichewa choti munthu wa kumudzi anganene, kenako n'kukopera aliyense pepala lake. Chipinda chojambuliramo tinachikuta ndi mabulangete, moti mwezi wa Okutobala tinkatulukamo ngati tagwa m'chitsime. Sitima ikalira tinkayambiranso. Mabatire ankasowa. Matepi tinali nawo asanu ndi anayi okha, ndiye a wailesi akaulutsa ankatibwezera tepi, ife n'kuizungulitsa m'masikelo a ana kuti amayi amvere, kenako n'kujambulaponso sewero lina.

Sewero lililonse linkayamba lapita ku boma kuti akaliwerenge. Lina linabwera atalikhwatcha ndi inki yofiira pamene mayi akuphera mlendo tambala. A Rolandi anazungulira chipinda chonse, pepala lili m'manja. "Tambala walakwa chiyani? Kodi kuno simudya tambala?" A Makwinja anatseka chitseko, n'kutsekanso zenera, n'kuloza ndi chibwano kabaji ka chipani kamene kanali pa jekete lawo, kojambulidwa tambala. "Che Mawu, likhale bakha. Musafunsenso." Linakhaladi bakha, ndipo kulira kwa bakhayo anachita okha a Rolandi.

Balaka, Juni 1977

Chaka chimenecho analemba sewero la chikuku. Linali la mayi amene amazengereza kupita ndi mwana ku katemera chifukwa cha ntchito ya kumunda, mpaka mwanayo amwalira. Amene ankatiseweretsa mbali za amayi anali akazi a mphunzitsi wina, koma amuna awo anawasamutsira ku Ntcheu mwadzidzidzi. Tepi inkayenera kukwera sitima Lachinayi, ndipo linali Lachitatu.

"Uwerenga ndiwe, Mariamu," anatero a Makwinja. "Mawuwo unalemba wekha, akuluma?"

Ndinawerenga bwinobwino, chifukwa m'chipindamo munalibe wondiyang'ana kupatula choyankhulirapo. Koma titafika polira maliro ndinalephera. Mwana wa m'seweromo tinamutcha Joni, ndipo ndinkati ndikati "Joni mwana wanga," zinkamveka ngati ndikumuitanira kudzasamba. Tinayesa kanayi. Mabatire anayamba kufooka, a Makwinja n'kutuluka kukafuna ena kwa mmwenye wina wa sitolo.

A Rolandi anavula magalasi awo. "A Mariamu, tembenukani muyang'ane khoma. Joni kulibe, n'chifukwa chake simukumulira. Kodi alipo mwana amene mumamukonda kuposa onse?"

"Alipo. Mng'ono wanga Asiyatu. Ali ndi zaka zinayi."

"Muoneni ameneyo. Muoneni atagona pa mphasa, sakudzuka. Mutchuleni dzina. Kwathu timatero tonse, ndiyo ntchito yake."

Ndinkadziwa kuti munthu wamoyo salilidwa. Palibe anandiphunzitsa, monga palibe anandiphunzitsa kuti moto umaotcha. Koma ndinali ndi zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri, ndipo anali bwana wanga, ndiponso ndinkaganiza kuti za m'chipinda cha mabulangete zili ndi malamulo ena amene azungu amawadziwa. Ndinayang'ana khoma. Ndinamuona Asiyatu, ndi kachilema kake ka pachipumi kamene anagwa nako pa mtondo. Zimene zinatuluka pakamwa panga sindikuzikumbuka. Ndinangozindikira ndagwada pansi, a Rolandi atagwira choyankhulirapo pafupi ndi nkhope yanga, misozi ikuyenderera m'masaya mwawo.

A Makwinja atabwera anamvera tepiyo. Ili mkati anavula chipewa. Itatha anandiyang'ana. "Joni uja wapita kuti? Asiyatu ndi ndani?"

"Ndi dzina chabe, bwana."

Bodza limenelo ndi langa, musawaikire a Rolandi. Tsiku lomwelo ndinalembanso kalata kumudzi, yonyada, yoti Loweruka la sabata yamawa masana amvere wailesi, amva mawu anga. Kuti ndi sewero sindinalembe. Ndinkayesa kuti aliyense akudziwa.

Zimene zinachitika ku Chikweo

Lachiwiri lotsatira Loweruka limenelo, ndinaona amalume anga, Che Saidi, ataima pakhomo pa ofesi, fumbi lili mpaka m'nsidze. Sanandipatse moni. Anapempha mpando n'kufotokoza nkhani yonse kwa a Makwinja, ine ndili chiimire ngati palibepo.

Mudzi wonse unali ndi wailesi imodzi, ya mwini golosale. Nthawi itakwana anthu anasonkhana, koma amayi anga anachedwa chifukwa ankavala chitenje chatsopano. Mwana wina anawathamangira. "Fulumirani, mwana wanu wayamba kulankhula!" Anafika akuseka, anzawo akuwapatsa malo kutsogolo, ndipo chimene anamva ndi mawu a mwana wawo woyamba akulira kuti Asiyatu wapita. Asiyatu nthawi imeneyo ankakhala kwa mayi aang'ono ku Nselema, poti amayi anali ndi khanda. Wailesi yomweyo ndi imene tsiku lililonse inkalengeza mauthenga a maliro. Mwini golosale anayesa kunena kuti ndi sewero, koma ndani akanamumva? Amayi anali atagwa kale pansi.

Amalume anakwera njinga kupita ku Nselema kukatenga mtembo. Poti ife Asilamu sitigoneka maliro, amuna otsala anayamba kukumba manda, wina n'kupita kukagula nsalu ya sanda. Dzuwa litapendeka anthu anaona amalume akubwera, Asiyatu atakhala pa keliyala, akudya nzimbe.

"Dzenje linali litafika m'chiuno," anatero amalume. "Dzenje silikwiriridwa lopanda kanthu. Tinaikamo thunthu la nthochi. Alongo angawo sakudya, mwana sakumulola ngakhale kupita kuseri kwa nyumba yekha. Akuti mawu amene aja asamvekenso kwina kulikonse. Akamvekanso, uyu," anandiloza osandiyang'ana, "asadzapondenso pakhomo pawo, ngakhale pa maliro awo."

A Makwinja anapepesa, koma za tepi anakana. Inali itabwera kale pa sitima, ndipo anali atakonza zoizungulitsa m'masikelo onse a Machinga. A wailesi ankaifunanso. Anamwino awiri anali atatumiza uthenga kuti chiulutsireni seweroli amayi akubwera ndi ana ku katemera mpaka benchi kuchepa. A Rolandi, nditawamasulira zonse, anagwira mutu. Koma nawonso anati, "Zaka makumi atatu ndakhala ndikufuna kupanga chinthu choti munthu akachimva adzuke achitepo kanthu. Ndi ichi. Ndipita ndikawafotokozere amayi anu. Akamvetsa, alola." Ananenanso kuti atha kudula dzinalo ndi lumo n'kumata tepiyo, koma dzinalo linali paliponse, lolukana ndi kulira, ndipo amalume anati vuto si dzina lokha, ndi pakamwa pamene linatulukira.

Chikweo, Julayi 1977

Tinapita pa galimoto ya ofesi, kuwoloka Shire pa Liwonde, kudutsa Nselema, n'kulowa msewu wafumbi. A Rolandi ananyamula tepiyo m'chikwama ndi shuga mapaketi awiri. Njira yonse ankayeseza moni wa Chiyao.

Amayi anatilandira pa khonde, Asiyatu atamupanikiza pakati pa miyendo yawo. Ine sanandiyang'ane. A Rolandi analankhula nthawi yaitali, ine ndikumasulira. Anafotokoza kuti sewero ndi bodza lonena zoona, kuti kwawo anthu amafa pa siteji madzulo alionse m'mawa n'kudzuka kumwa tiyi, kuti kulira kwanga kupulumutsa ana ambiri. Pofuna kusonyeza, analankhula ngati nkhalamba, kenako ngati bakha. Ana amene anadzaza pabwalo anagubuduka ndi kuseka. Amayi sanaseke.

"Afunse," anandiuza, akuyang'anabe kumbali, "ali ndi mwana?"

"Akuti ali naye mmodzi, wamkazi. Dzina lake Koleti."

"Ndi wamoyo?"

"Eya, amayi."

"Amulire. Pompano. Amutchule dzina, anene kuti wafa, timve nafe ntchito yawoyo mmene imakomera."

Sindinamasulire. A Makwinja ankayang'ana nsapato zawo. "Akuti chiyani?" anafunsa a Rolandi. Ndinawamasulira monong'ona, ndipo mawu ena ndinawafewetsa, koma anamva.

Anaimirira. Ndinali nditawaonapo akulira misozi yeniyeni pofuna kutisonyeza kachitidwe kake, kenako n'kupukuta n'kupempha tiyi, choncho ndinkadziwa kuti atha. Anavula magalasi, n'kutembenukira ku khoma la nyumba yathu monga anandiphunzitsira. Mapewa awo anakwera. Anakoka mpweya. "Ko..." anatero, n'kuima. Anayesanso, koma panangotuluka mpweya. Asiyatu anafunsa mokweza kuti, "Amayi, azunguwa akufuna kusanza?"

Anakhala pansi pa khonde, osati pa mpando umene anawapatsa. "Sindingathe," anatero m'Chichewa. Kenako m'Chingerezi, kwa ine ndekha: "Zaka zitatu sanandilembere kalata. Sindikudziwa n'komwe ngati ali bwino."

Amayi sanafunse kuti anena chiyani. Anatenga shuga uja n'kulowa naye m'nyumba.

Pobwerera, titadutsa Nselema, a Rolandi anatulutsa tepi ija n'kuiika pamiyendo panga. "Mawuwa ndi anu, a Mariamu. Ine ndinawatenga molakwika. Muchite nayo zimene mukuona." A Makwinja anacheuka ali pa chiwongolero. "Che Mawu, musamusenzetse mwana katundu wotere. Iwe Mariamu, mng'ono wako ali moyo, wamuona wekha. Ganizira ana a eni ake." M'kope ndinangolemba kuti: "Onse akunena zoona. Ndiye wonama ndani?"

M'mawa mwake ndinafika pa ntchito nthawi yake, ndinasesa, ndinakonza mapepala. Kenako ndinalowa m'chipinda cha mabulangete, ndinaika tepiyo pa makina, ndinazula chingwe cha choyankhulirapo, n'kudina batani lojambulira. Seweroli linali la mphindi makumi awiri, ndipo mphindi zonsezo ndinakhala ndikuyang'ana tepi ikuzungulira. M'chipinda chinacho a Rolandi ankataipa. Anasiya kwa kanthawi, poti makinawo ankamveka kulira kwake, kenako anapitiriza.

Zaka zotsatira

Seweroli tinalijambulanso ndi mayi wina wa kwaya ya tchalitchi. Analira bwino, Joni n'kubwerera m'malo mwake, koma anamwino anati amayi ku sikelo ankamvera uku akucheza. A Makwinja sanandichotse ntchito. Anandiika pa makina otaipira, ndipo kwa miyezi itatu ankandilankhula kudzera m'timapepala. Pambuyo pake ankandipempha kuti ndiwerengeko mbali zina zosalira, koma ndinkati ndikaima pa choyankhulirapo, mawu sankatuluka. Kuyambira pamenepo ndakhala wolemba ndi wokonza mawu a ena, ku Liwonde zaka zisanu ndi chimodzi, kenako ku Zomba kumene munabadwira, mpaka kupuma.

A Rolandi anabwerera kwawo chaka chotsatira. Anatisiyira magalasi awo akale ndi makina otaipira. Ankandilembera kamodzi pa chaka. Anabwerera ku wailesi, kumene ankawerenga mabuku kuti akhungu azimvera, ndipo ntchito imeneyo ankati ndi yabwino kuposa zonse anagwirapo. Sewero sanalembenso. Koleti anamupeza, ali ndi ana awiri, ndipo ndi iye amene anandilembera kalata yomaliza kundiuza kuti bambo ake amwalira. Anati pa maliro awo anthu ambiri anabwera chifukwa cha chimbalangondo chija.

Chikweo, Okutobala 1977

Ichi ndachisiyira kumapeto chifukwa ndi chimene sindinachimvetse mpaka lero. Miyezi itatu nditafufuta tepi ija, chikuku chinalowa m'dera lathu. Ndinapita kumudzi, amayi n'kundilandira ndi manja awiri, poti amalume anali atawauza zimene ndinachita. Tsiku lachiwiri kunagwa maliro kwa oyandikana nafe. Anali Hawa, mnzake wa Asiyatu wosewera naye, amene sanabayitsidwe katemera. Sikelo ya kwathu inali yachitatu pa mndandanda wa kumene tepi yanga inkayenera kupita.

Tili m'nyumba ya maliro, amayi anandikoka chitenje n'kundinong'oneza. "Waona? Ukanapanda kuifufuta tepi ija, bwenzi lero tikuika wathu."

Madzulo ake mayi aang'ono a ku Nselema, tikutsuka mbale, anandiuza zina. Sabata yomwe anakwirira thunthu la nthochi ija, amayi anapita kwa mwini golosale kukafunsa kuti matenda amene ananenedwa m'wailesi aja ndi ati. Atauzidwa, anabereka khanda, n'kumugwira Asiyatu padzanja, n'kuyenda wapansi mpaka ku sikelo kukawabayitsa onse awiri. Sanauze munthu.

Patapita zaka zambiri, amayi atakalamba, ndinawafunsa kuti chinamupulumutsa Asiyatu n'chiyani, kulira kwanga kapena kufufuta kwanga. Anati, "Zonse ziwiri. Usandifunsenso." Mayi anu aang'ono a Asiyatu lero ali ndi zidzukulu zisanu ndi ziwiri, ndipo nkhaniyi akaimva amaseka. Mayi ake a Hawa anakhala moyandikana nafe zaka zina makumi awiri. Nthawi zonse ndikapita kumudzi ankandipatsa chinangwa choti ndikadyere ku tauni, ndipo ine ndinkalandira. Za tepi ija sindinawauze.